Chiwongolero cha Gemu Chikakana Kugwira, Tiyambire Pati?

(NYIMBO YOTSEGULIRA, KENAKA ITSIKE PANG'ONOPANG'ONO)

MUULUTSI: Yakwananso nthawi ija timakambirana za zipangizo zamagetsi zomwe tili nazo m'nyumba ndi pa bizinesi. Lero tili pa chiwongolero cha gemu, chija anyamata amachitcha stiyelingi, chokhala ndi mapedulo ake pansi, china ndi giya yake pambali. Dandaulo lomwe likutipeza ndi limodzimodzi: TV yayaka, gemu yatseguka, mwana wakhala pampando, koma galimoto ili chilili. Ena odandaula ndi makolo amene anagulira mwana mphatso. Ena ndi eni timashopu ta magemu kufupi ndi msika wa Chilenje muno mu Lusaka, ndipo kwa iwo chiwongolero chikangokhala chete, ndalama ya ndiwo ya tsikulo yapita. Ndili ndi mmisiri wokonza makina a magemu wa ku Chilenje komweko. Takulandirani, bambo.

MMISIRI: Zikomo amayi. Mawu anga oyamba kwa omvera ndi akuti sikuludiraiva ikhale kaye m'thumba. Ziwongolero zambiri zimene anthu amati zafa zimakhala zili zamoyo ndithu. Chimene chimazimaliza ndi kutsegulidwa ndi munthu amene sanafufuze kaye, ndipo zikafika poterepo ine zimandiwawa, chifukwa chipangizo chimenechi si cha mtengo wamasewera.

MUULUTSI: Nanga munthu wosadziwa zamagetsi angafufuze bwanji?

MMISIRI: Ndi maso basi. Chiwongolero chenicheni, monga Logitech G29 kapena Thrustmaster T150, chili ndi mota mkati. Mukachipatsa magetsi n'kubaya nthambo yake ya USB pa makina oyaka, chimazungulira chokha. Chimapita mbali imodzi mpaka pothera, chimabwerera mbali inayo mpaka pothera, kenaka chimaima pakati. Pamenepo chikudziyeza, kufuna kudziwa malire ake ndi pakati pake. G29 imazungulira madigiri 900, ndiye kuti maulendo awiri ndi theka. T150 imafika 1080, maulendo atatu athunthu. Choncho bayani, chotsani manja, chotsani mapazi pa mapedulo, muyang'ane. Ana aang'ono asayandikize zala kapena tsitsi, chifukwa motayo ili ndi mphamvu. Masekondi ochepa amenewo ndiwo amakuuzani kumene kwagona vuto. Chikapanda kugwedezeka n'komwe, nkhani ili ku magetsi kapena ku nthambo. Chikazungulira bwinobwino koma gemu osachimva, ndiye kuti chiwongolero n'chamoyo, kungoti sichikumvana ndi makina.

MUULUTSI: Tiyambe ndi chosagwedezekacho, chifukwa ndicho chimaimitsa anthu mutu.

MMISIRI: Ambiri sadziwa kuti G29 imalandira magetsi kuchokera kuwiri. Nthambo ya USB imangobweretsa mavoti 5, okwanira kuti chiwongolero chilankhulane ndi makina. Mamota awiri amkatimo amafuna mavoti 24, ndipo amenewa amachokera ku adaputa yake ya pakhoma. Ndiye mumasule patebulo, muchigadamitse. Kunsi kwake mupeza mabowo atatu: la mapedulo, la giya, ndi lina laling'ono lozungulira la magetsi. Kamutu ka magetsiko kamapulumuka mosavuta pamene munthu akumanga chiwongolero patebulo, kapena mwana akakoka tebulo kuti ayandikire TV. Kamaoneka ngati kali m'malo, koma kalowa theka. Kakankheni mpaka kafike. Muonenso kunsiko, muli timizere tomwe anakumba dala kuti nthambo zizidutsamo. Nthambo ikaphonya mzere wake imapanikizika pakati pa chiwongolero ndi m'mphepete mwa tebulo, ndipo tsiku ndi tsiku imadukira mkati, kunja kukuoneka bwino. Iyendetseni chala kuyambira kumutu mpaka kumapeto. Pomwe paphwatalala kapena papindika mosasangalatsa, pakayikireni.

MUULUTSI: Mayi wina wa ku Chilenje South akuti anagula chiwongolero chogwiritsidwa kale ntchito, chopanda adaputa, ndiye mwana wawo anatenga ya laputopu chifukwa mutu wake unalowa bwino.

MMISIRI: Amayiwo atsomphole msanga. Pamenepa ndikhalitsapo pang'ono, chifukwa ndi pomwe pamapsera katundu wambiri. Adaputa ya G29 analembapo 24V ndi 1.75A. Ya laputopu kawirikawiri imakhala ya mavoti 19, ya dikoda mavoti 12. Mitu yake imatha kufanana, koma zotulukamo n'zosiyana. Mukaika yochepa mphamvu, chiwongolero chimangonjenjemera, kapena chimayamba kuzungulira n'kufera panjira, kapenanso chimaduka pakati pa mpikisano pamene mota yayamba kukoka kwambiri. Mukaika yopitirira, mwatentha bolodi yamkati, ndipo bolodi imeneyo kuipeza muno mu Lusaka ndi ntchito. Pogula adaputa ina m'tauni, kaya ndi ku Kamwala, ku Town Centre kapena mu Katondo Street, tengani chiwongolerocho kapena chithunzi cha kapepala kake ka kunsi. Mavoti afanane ndendende. Maampu akhale omwewo kapena ochulukirapo, osati ochepera. Palinso kachizindikiro kosonyeza ngati pulasi ili pakati pa kamutu kapena kunja, nako kafanane. Ndipo wogulitsa ayeze ndi mita yake inu mukuona. Ngati adaputa yanu yakale mukuikayikira, muyezetse momwemo. Musaiboole nokha, chifukwa mkati mwake mumatsalira magetsi ngakhale mutaitsomphola pakhoma.

MUULUTSI: Nanga zija amatitumizira abale a kunja?

MMISIRI: Muwerenge kaye musanabaye. Kuno ku Zambia pakhoma pamatuluka mavoti 230, pomwe ku America ndi 120. Adaputa ikalembedwa kuti 100 mpaka 240V, ilibe vuto kulikonse. Koma pali ziwongolero zina zomwe nthambo yake imalowa mwachindunji kuchokera pakhoma, ndipo zina mwa izo anazipangira mphamvu ya dziko limodzi. Kapepala kake kamakhala pafupi ndi bowo la magetsi. Mukaona 110 kapena 120 yokha, mukufunika thiransifoma yotsitsa mphamvu. Kapulagi kaja kosintha mano awiri kukhala atatu sikatsitsa kanthu, kamangothandiza kuti pulagi ilowe m'soketi yathu. Anthu amabaya ndi chimwemwe, kenaka kafungo ka kupsa kadzaza m'chipinda.

MUULUTSI: Tinene kuti magetsi ali bwino, koma chikadali duu.

MMISIRI: Pitani ku USB. Bayani mwachindunji pa makina, osadzera pa timabokosi tija togawa mabowo ambiri, osadzeranso pa nthambo yowonjezera. Yesani bowo lina. M'mashopu a magemu mabowo akutsogolo a PS4 amakhala atatopa ndi kutchaja mapadi tsiku lonse, moti nthambo imangogwedera. Walitsanimo ndi tochi ya foni. Mukaona kalilime kapulasitiki kamkati kathyoka kapena timano tapindika, vuto si chiwongolero ayi. PS5 yopyapyala ija inatuluka mu 2023 ili ndi mabowo ang'onoang'ono okhaokha kutsogolo, ndiye nthambo ya chiwongolero imakalowa kumbuyo. Mukatero, zimitsani makina kotheratu. PlayStation ikamaonetsa kuwala kwa mtundu wa lalanje sinazime, yangogona. Izimitseni mpaka kuwala konse kuthe, tsompholani pakhoma, dikirani mphindi imodzi, muyatsenso.

(NYIMBO PANG'ONO)

MUULUTSI: Ngati mwangotipeza kumene, tikukambirana za chiwongolero cha gemu chomwe chikukana kulumikizana ndi makina. Bambo, tisanapitirire, pali makolo amene akumva izi akuti, zonsezi ndi za chidole?

MMISIRI: Ndimawamvetsa, koma ine sindichiona ngati chidole wamba. Dziko lino lili ndi mbiri pa mpikisano wa galimoto. Satwant Singh anatenga ukatswiri wa African Rally Championship kasanu ndi katatu, ndipo Muna Singh anautenga mu 2004 ndi 2005. Mwana wa ku Chilenje amene wamva mbiri imeneyi sangakwanitse galimoto ya rally, koma pa chiwongolero ndi gemu ngati DiRT Rally 2.0 amatha kumva m'manja momwe matayala amatererera pa msewu wa dothi. Amaphunzira kuponda buleki asanafike pakona, ndiponso kuleza mtima. Chokhacho, anyamata amve bwino: kupambana pa TV si laisensi. Laisensi imachokera ku RTSA, munthu ataphunzira pa galimoto yeniyeni.

MUULUTSI: Amva. Tsopano chija chozungulira bwino koma gemu osachimva.

MMISIRI: Apa pali nkhani yokondweretsa, chifukwa nthawi zambiri sipafunika ngakhale ngwee imodzi. G29 inatuluka mu 2015, nthawi imene anthu ambiri anali adakali ndi PS3, ena atasamukira ku PS4. Choncho anaiikira kaswichi pamwamba, kuseri kwa timagetsi tija timasonyeza kulira kwa injini. Mbali ina analemba PS3, mbali ina PS4. Kaswichi kameneka n'kakang'ono, ndipo mwana amatha kukasuntha posewera, kapena amayi popukuta fumbi. Ngati makina anu ndi PS4 kapena PS5, kakhale ku PS4. Mukakasuntha, tsompholani USB, mubayenso, chidziyezenso. T150 nayo ili ndi kaswichi kotere. Chikamaliza kuzungulira, dinani batani la PS la pachiwongolero penipenipo, osati la papadi. Makina afunsa kuti akugwiritsa ntchito ndani. Sankhani dzina lomwelo lomwe latsegula gemu. Mukasankha dzina la mlongo wake wa mwanayo pomwe gemu yatsegulidwa ndi dzina lina, mupotokola mpaka thukuta, galimoto osasuntha.

MUULUTSI: Mnyamata wina wa ku Kabwata akuti zonsezo wachita. Chiwongolero chake ndi Logitech, makina ake ndi PS4, koma ayi ndithu.

MMISIRI: Mphwanga ameneyo ayang'ane mabatani a pachiwongolero chake. Akaona kamakona atatu, kozungulira, kamtanda ndi kamakona anayi, ndi cha PlayStation. Akaona zilembo A, B, X ndi Y, wagula G920, ndipo imeneyo ndi ya Xbox. G29 ndi G920 kaonekedwe n'kofanana kwambiri, mapedulo ndi amodzi, adaputa ndi imodzi, koma iliyonse ili ndi kwawo. G923 ya mu 2020 ndiye imasokoneza kwambiri, chifukwa dzina ndi limodzi koma ilipo ya PlayStation ndi ya Xbox. Ku Thrustmaster, T150 ndi ya PlayStation, TMX ndi ya Xbox. Chifukwa chake n'chakuti makinawa ali ngati mlonda wa pageti ku Kabulonga: ufike utatchena bwanji, popanda chiphaso sulowa. Mkati mwa chiwongolero muli kachipu komwe ndiko chiphasocho, ndipo cha Sony sichigwira kwa Microsoft. N'chifukwa chake G27 yakale, yomwe inali yolimba zedi pa PS3, imakanidwa pa PS4 ndi PS5. Palibe mmisiri amene angakonze zimenezi ndi sikuludiraiva, ndipo wina akakuuzani kuti musiye ndalama achitsegule, tengani katundu wanu muzipita. Tilipo tizipangizo togulitsidwa padera tomasulira pakati pa ziwirizi, koma si gemu iliyonse imatimvera, ndipo mtengo wake ukhoza kukupangitsani kuganiza kawiri. Nzeru yabwino ndi kusinthana ndi mnzanu wa Xbox kapena kuchigwiritsa ntchito pa kompyuta, chifukwa zonsezi pa kompyuta zimagwira.

MUULUTSI: Nanga zotsika mtengo zija zadzaza m'mashopu?

MMISIRI: Zimenezo zili ndi khalidwe lakelake. Titenge PXN V9. Ilibe chiphaso chakechake, ndiye pa PS4 kapena Xbox imabwereka cha padi. Mumazimitsa padi, mumailumikiza ndi nthambo kuseri kwa chiwongolero, kenaka chiwongolero n'kupita ku makina. Pamenepa pamagwa anthu m'njira ziwiri. Yoyamba, padiyo iyenera kukhala yeniyeni. Ya gong'a ikhoza kuseweretsa mpira bwinobwino koma apa n'kukanika. Yachiwiri ndi nthambo. Zilipo nthambo za foni zongotchaja, zopanda mawaya onyamula uthenga. Padi imayaka, munthu n'kumati zatheka, koma palibe chikudutsa. Njira yoidziwira ndi kulumikiza foni ku kompyuta ndi nthambo yomweyo. Kompyuta ikaona foniyo, nthambo ndi yabwino. Dziwaninso kuti ziwongolero zotere zilibe mota yopotokola, zimangonjenjemera, ndiye musadikire kuti zizungulire zokha. Ndipo chogwira pa PS4 motere musachiyembekezere pa magemu a PS5.

MUULUTSI: Kodi gemu yokhayo ingakhale ndi mlandu?

MMISIRI: Kwambiri. Si gemu iliyonse ya galimoto imalandira chiwongolero. GTA V muli galimoto zosawerengeka, koma anaipangira padi. Yesani ndi gemu yomwe ndi ya mpikisano weniweni, monga Gran Turismo 7 ya mu 2022, kapena ya F1, kapena Forza kwa a Xbox. Ndipo chiwongolero chikhale cholumikizidwa musanatsegule gemu.

MUULUTSI: Zonsezi zikalephereka?

MMISIRI: Pezani kompyuta ya Windows, ngakhale ya pa kafe ya intaneti. Lumikizani chiwongolero ndi adaputa yake, mulembe joy.cpl pofufuzira. Patseguka kawindo kosonyeza zipangizo za magemu. Dzina la chiwongolero likaoneka, lowanimo, mupotokole, muponde pedulo iliyonse, mudine mabatani. Timizere tikamayenda, chiwongolero chanu n'chamoyo ndipo vuto lili ku makina. Eni Thrustmaster apezerepo mwayi woika pulogalamu yatsopano yamkati kuchokera ku kampaniyo, koma achite zimenezi pa laputopu yodzaza batire ndiponso magetsi ali okhazikika, chifukwa ikadukira pakati chiwongolero chimasokonezeka.

Tsopano pali mtundu wachitatu womwe sindinautchule. Chimazungulira, koma molakwika: chimathamangira mbali imodzi n'kudzimenya, kapena chimaima chopendama, kapena chimalira ngati mano akudumphana. Apo ndiye pa ife amisiri. Mu G29 muli kamaginito kuseri kwa mota ndi kachipangizo kowerenga kuzungulira kwake, ndipo zikasunthana chiwongolero chimataya pakati pake. Zimakonzeka, koma musapitirize kuchiyatsa, chifukwa kudzimenyako kumadya magiya apulasitiki.

MUULUTSI: Bambo wina wa ku Woodlands akuti chiwongolero chikugwira, koma galimoto ikungodziyendera asanaponde, ndipo buleki ndi yolimba ngati yachita dzimbiri.

MMISIRI: Buleki ya G29 ndi yolimba mwadala, anaikamo kampira kuti ifanane ndi ya galimoto, ndiye akuluwo asade nkhawa. Koma kudziyenderako ndi fumbi. Kuyambira Ogasiti mpaka mvula igwe, fumbi la mu Lusaka limalowa paliponse, ndipo mapedulo amakhala pansi penipeni. Pedulo iliyonse ili ndi kachipangizo kozungulira koyeza kuponda kwa phazi, ndipo fumbi likalowamo kamanama. Pamafunika mankhwala opopera otsukira zamagetsi. Mafuta ophikira ayi, girisi ayi, madzi ayi. Mukamaliza kusewera, fundikani mapedulo ndi chitenje chakale, ndipo ana avule nsapato zamatope.

MUULUTSI: Sitingamalize osanena za kuzima kwa magetsi.

MMISIRI: Tonse tikukumbukira 2024, chilala chitatsitsa madzi ku Kariba, ZESCO n'kumagawa magetsi mosinthana, moti m'madera ambiri a Lusaka maola a mdima ankaposa a kuwala. Choopsa pa zipangizo si kupita kwa malaiti, koma kubwera kwake. Amatha kufika ndi mphamvu yodumphadumpha, ndipo adaputa ndiyo imayamba kulandira nkhonya. Ndiye akangopita, tsompholani chiwongolero, makina ndi TV pakhoma. Akabwera, asiyeni mphindi zingapo akhazikike. Tizipangizo tija timagulitsidwa kuti TV guard timathandiza, chifukwa timadikira kaye tisanalole magetsi kudutsa. A mashopu amene mumadalira jenereta, iyambe kaye kulira mosadukiza musanabaye kanthu, ndipo muzimitse makina musanaizimitse. A invata, werengerani katundu: PS5 yokha imatha kudya pafupifupi mawati 200 pa gemu yolemera, onjezani TV, onjezani chiwongolero pamene mota ikukoka pakona. Invata yaing'ono imalira n'kudula, inu n'kumanamizira chiwongolero.

MUULUTSI: Nthawi yatithera. Mawu kwa amene akufuna kugula?

MMISIRI: Safunsa anadya phula. Musanatulutse ndalama, dziwani dzina lenileni la makina anu, muyang'ane mabatani a chiwongolerocho, muone kuti adaputa yake ilipo ndipo ndi ya mavoti oyenera. Wogulitsa achiyatse pamaso panu, chizungulire chokha, muponde mapedulo onse mu gemu. Akakana kuyesa, pitani kwina. M'shopu tengani lisiti, chifukwa ngakhale mutakadandaula ku CCPC, bungwe loteteza ogula, adzafuna umboni woti munagula pamenepo.

MUULUTSI: Omvera, amene chiwongolero chanu chakanabe mutayesa zonsezi, popita kwa mmisiri musanyamule chiwongolero chokha. Tengani mapedulo, giya, adaputa ndi nthambo zonse, ndipo ngati n'kotheka makinawo, kuti akayeze zonse pamodzi. Mafunso anu pitirizani kutitumizira. Tidzakumanenso sabata yamawa nthawi ngati yomwe ino. Tsalani bwino.

(NYIMBO YOTSEKERA)